Masekondi 7 omwe adadyetsa ambiri, mwini wake osalawako

Mu 1969 gulu loimba la The Winstons, la ku Washington, D.C., lidatulutsa kachimbale ka nyimbo ziwiri. Yomwe ankaidalira inali "Color Him Father", ndipo idapatadi mphoto ya Grammy. Kuseri kwake adaikako "Amen, Brother", yongodzazira malo. Chapakati pa nyimbo yachiwiriyi zida zonse zimangoti zii, n'kutsala Gregory Coleman yekha akuimba ng'oma kwa masekondi pafupifupi 7.

Kachidutswako kadagona zaka 17. Mu 1986 nyimboyo idalowa m'zimbale za Ultimate Breaks and Beats, zomwe ku New York ankasonkhanitsira ma DJ ofuna ng'oma zopanda mawu. Apa n'kuti makina otapa phokoso n'kumalibwereza, monga a E-mu ndi Akai, atayamba kufika m'manja mwa achinyamata. Mu 1988 ng'oma ya Coleman idamveka mu "Straight Outta Compton" ya N.W.A.

Koma amene adaisenda bwinobwino ndi a ku Britain. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 adaithamangitsa, n'kuiduladula kugunda kulikonse pakokha, kenako n'kumalumikiza mmene afunira. Nyimbo za jungle ndi drum and bass zidakulira pamenepo. Pomvera zina mwa izo ungalumbire kuti woimbayo ali ndi manja anayi.

Amalonda sadachedwe kununkhiza. Kampani ya Zero-G idatulutsa ma CD otchedwa Jungle Warfare, odzaza tizidutswa ta ng'oma todulidwa kale, tina tochokera kwa Coleman yemweyo, n'kumagulitsa kwa opanga nyimbo. Ma CD amenewa ndiwo makolo a ma sample pack a lero, omwe ndi mitolo ya tizidutswa totere. Kuyambira 2015, pa Splice munthu amalipira mwezi ndi mwezi n'kumatola pa intaneti kugunda kulikonse komwe khutu lake lakonda, osadziwa n'komwe dzanja lomwe lidakuimba.

Coleman adamwalira mu 2006 ku Atlanta alibe pokhala, osalandirapo ngakhale khobidi pa ng'oma yomwe yalowa m'nyimbo zikwizikwi. Mu 2015 ma DJ awiri a ku Britain adayendetsa mbale pa GoFundMe, ndipo padapezeka ndalama pafupifupi £24,000. Adakapereka kwa Richard Spencer, mtsogoleri wa The Winstons, yemwe anali akadali moyo.