Mndandanda Wosatha pa Masamu

Mndandanda wosatha ndi njira ya masamu yopezera kukula kwa nambala yovuta poiphwanya m'zigawo zosavuta, zimene ziphatikizidwa chimodzichimodzi kufikira wowerengayo atayandikira choonadi monga momwe ntchito yake ifunira. Pakuti zilipo nambala zimene munthu sangazilembe n'kuzitsiriza, angakhale atapatsidwa zaka za Metusela. Ndipo yomveka mwa izo ndi π, imene ipezeka pogawa utali wa mzere wozungulira bwalo ndi utali wa mzere wodutsa pakati pake.

Madhava wa ku Sangamagrama, m'dera la Kerala ku India, anapeza cha m'ma 1400 kuti limodzi mwa magawo anayi a π lilingana ndi 1 − 1/3 + 1/5 − 1/7, kunka chomwecho osalekeza. Ndipo Gottfried Leibniz anatulukiranso zomwezo payekha ku Ulaya m'zaka za m'ma 1670. Tikachulukitsa kanayi, chigawo choyamba chitipatsa 4, ziwiri 2.67, zitatu 3.47, zinayi 2.90, zisanu 3.34. Yankho ligwa pamwamba, kenaka pansi pa 3.14159, monga alenje ozinga gwape m'tchire, amene bwalo lawo linka lichepa. Ndipo ubwino wake ngwakuti cholakwacho sichiposa chigawo choyamba chimene chasiyidwa, kotero kuti woleka panjira adziwa bwino kuti watsala patali motani. Komatu ulesi wa mndandandawu ngwosaneneka, chifukwa kuti utipatse manambala khumi olondola pambuyo pa kadontho, pafunika zigawo pafupifupi 5 biliyoni. Pang'onopang'ono ndi mtolo, inde, koma wotola nkhuni zotere angamwalire moto usanakolezedwe. N'chifukwa chake Madhava yemweyo anakonza mndandanda wina waliwiro, umene ndi zigawo 21 zokha unapereka manambala 11 olondola.

Mu 1715 Brook Taylor wa ku England anasindikiza lamulo lalikulu lolembera mindandanda yamtunduwu. Potsata lamuloli, wofuna nambala imene ikadzichulukitsa yokha ipereka 1.1 angolemba 1 + 0.05 − 0.00125, napeza 1.04875, pamene yankho lenileni liyamba ndi 1.04880.

Sikuti mndandanda uliwonse wa zigawo zonka zichepa ufika pamalo n'kukhazikika ayi. Nicole Oresme wa ku France anasonyeza m'zaka za m'ma 1300 kuti mndandanda wa 1 + 1/2 + 1/3 + 1/4, kunka chomwecho, ngakhale ukwera mwakachetechete, ukula kopanda malire.

Kubwereranso ku π, John Machin anawerenga manambala ake 100 mu 1706 pogwiritsa ntchito mindandanda yosatha. William Shanks, potsata njira ya Machin ndi cholembera chokha, anafika pa 707 mu 1873 atavutika zaka zambiri. Koma m'zaka za m'ma 1940 D. F. Ferguson anapeza kuti Shanks anaphonya pa nambala ya 528, ndi kuti zonse zotsatira pamenepo zinali zolakwika.