Kukumbukira Hannelore Elsner

Pa 21 Epulo 2019, Lamulungu la Pasaka, mayi Hannelore Elsner anatisiya ku Munich ali ndi zaka 76. Tsikuli likafika, anthu ambiri ku Germany amakumbukira Lea Sommer, wapolisi wofufuza milandu ku Frankfurt, yemwe mayiwa ankasewera mu Die Kommissarin pa kanema wa ARD kuyambira 1994 mpaka 2006. Til Schweiger, asanatchuke kwenikweni, anali wachiwiri wawo m'zigawo zoyamba. Sindikuwatsutsa okumbukira zimenezi, koma ine mtima wanga uli pa filimu ina.

Anabadwira ku Burghausen, m'chigawo cha Bavaria, mu 1942, nkhondo ili mkati. M'ma 1960 opanga mafilimu anaona nkhope yokongola basi, n'kumawapatsa timbali topepuka m'mafilimu anthabwala. Zaka zambiri zinapita choncho, ntchito yosasowa koma luso lili chobisala.

Kenako mu 2000 kunabwera Die Unberührbare ya Oskar Roehler, filimu yopanda mitundu, yakuda ndi yoyera. Mayi Elsner anasewera Hanna Flanders, mlembi wa ku Munich wokhulupirira chikomyunizimu, amene khoma la Berlin litagwa mu 1989 akuona anzake akusangalala pomwe iye dziko lamuthera. Wigi lalikulu lakuda kumutu, ndudu yosachoka pakamwa, akuyenda khomo ndi khomo, ndipo paliponse akumulandira ngati mlendo wofika nthawi yolakwika. Roehler ankafotokoza za mayi ake omubereka, mlembi Gisela Elsner, amene anadzipha mu 1992. Kufanana kwa mayinaku n'kwangozi, panalibe chibale. Chimene chimandigwira n'chakuti munthu amene ankadya ndi kukongola analola kuoneka wotopa, wokalamba, wochititsa manyazi, osapempha woonera kuti amumvere chisoni. Analandira nayo mphoto ya Deutscher Filmpreis akuyandikira zaka 58, n'kudzailandiranso mu 2003 chifukwa cha Mein letzter Film, momwe pafupifupi filimu yonse akulankhula okha pamaso pa kamera.

Mu Kirschblüten – Hanami ya Doris Dörrie, ya mu 2008, anali Trudi, mkazi wolakalaka kukaona phiri la Fuji koma womwalira nkhani isanafike pakati. Mwamuna wa Trudi, yemwe anaseweredwa ndi Elmar Wepper, amapita ku Japan atanyamula zovala za malemuyo, n'kumazivala mkati mwa jekete kuti naye aone Tokyo. Dörrie anaitananso mayi Elsner mu Kirschblüten & Dämonen, yomwe inatuluka mu Malichi 2019, patangotsala masabata ochepa kuti Pasaka uja afike.