MALIRE A MINDA NDI NCHITO YA APOLISI

Kale, Azungu asanafike m'dziko la Acewa, Ansenga ndi Angoni, panalibe munthu amene anali ndi kalata ya munda wace. Mfumu ya mudzi ndiyo inali kugawa malo, ndipo malire anali kudziwika ndi culu, mtengo wa msuku, kapena kamtsinje. Anansi awiri akakangana cifukwa wina walumpha mzere polima, akulu anali kupita kumunda komweko m'mamawa, naima pa culu, nafunsa nkhalamba zimene zinaona tsiku limene malowo anagawidwa. Wolakwa anali kubweza mizere imene anadya, napepesa ndi nkhuku, ndipo mlandu unali kutha.

Zinthu zinayamba kusintha m'caka ca 1898, pamene Angoni a Mpezeni anagonja pa nkhondo. Kampani ya North Charterland inati dziko lalikulu, lokwana masikweya mailosi 10,000, linali lace, cifukwa ca cipangano cimene Carl Wiese anati anapangana ndi Mpezeni. Pafupi ndi Fort Jameson, amene lero ndi Chipata, panatsegulidwa mafamu a fodya, ndipo anthu anaona cinthu cacilendo: opima malo akukoka unyolo ndi kukhoma zikhomo m'nthaka. M'caka ca 1928 Boma linaika malo opatulidwa a anthu akuda, ndipo midzi yambiri inasamutsidwira kumeneko. Anthu anapanikizana. Munda umene kale unali kugonera zaka zambiri tsopano unalimidwa caka ndi caka kufikira unaguga, ndipo mzere umodzi wa cimanga unasanduka cinthu coti abale adanirane.

Nanga ndani anali kuweruza mikangano yotere? Apolisi analipo ndithu. Maiko awiri a North-Eastern Rhodesia ndi North-Western Rhodesia atalumikizidwa m'caka ca 1911, magulu ao a asilikali anakhalanso gulu limodzi, lochedwa Northern Rhodesia Police. Koma apolisiwo anali owerengeka, ndipo ambiri anali kukhala m'matauni ndi m'mbali mwa njanji. Munthu wa kumudzi anali kudziwa kwambiri mesenjala wa ku Boma ndi kapaso wa mfumu.

M'caka ca 1929 Boma linapanga malamulo opatsa mafumu mphamvu zolamulira ndi zoweruza milandu m'mabwalo ao. Kuyambira pamenepo mlandu wa malire unali ndi njira yace: unali kuyamba kwa mfumu ya mudzi, ukakanika unali kupita ku khoti la mfumu yaikulu, ndipo wosakhutira anali kukadandaula kwa Bwana D.C. Kapaso anali kunyamula samani ndi kubweretsa okanganawo pabwalo, koma analibe mphamvu yonena kuti malire ali apa. Apolisi nao anali kulowa pokhapokha mkangano utabala upandu: wina akatema mnzace ndi nkhwangwa, akatentha nkhokwe, akazula cimanga ca mnansi usiku, kapena akacotsa cikhomo ca opima malo. Anali kugwira wocita cipongweyo, koma funso la mwini munda linali kubwerera kwa mafumu.

Kumanga anthu sikunathetse vutoli, pakuti gwero lace linali kucepa kwa malo. Boma lomwe linazindikira zimenezi, ndipo m'caka ca 1941 linagula dziko la kampani ija, niliyamba kubwezera mabanja ku malo atsopano. M'caka ca 1947 mbali yaikulu ya dziko la Northern Rhodesia inaikidwa kukhala malo osungidwira anthu akuda.

Dziko litalandira ufulu m'caka ca 1964, makhoti a mafumu analowedwa m'malo ndi makhoti ang'ono a Boma, monga mwa lamulo la 1966. Lamulo la malo la 1995 linabvomereza malo olamulidwa mwa mwambo, ndiponso linakhazikitsa bwalo lapadera loweruza nkhani za malo. M'matauni, kumene anthu amakangana za mipanda ndi mapuloti, mboni yaikulu ndi mapu a wopima malo ndi kalata ya umwini.

Pa zaka zonsezi maina a maofesi asintha, koma gawo la wapolisi silinasinthe. Iye amasunga mtendere kufikira oweruza atalankhula, ndipo satha kupatsa munthu ngakhale mzere umodzi wa nthaka. Ambiri amathamangira kupolisi poyesa kuti mnansi akagona m'citolokosi ndiye kuti malire asuntha, koma potuluka mnansiyo amapeza culu cili pomwe cinali, ndipo cidani cokha ndico cakula. Akale anati mlandu suola. Wanzeru amatula khasu pansi, naitana akulu kapena wopima malo mvula isanagwe, pakuti munthu amene alimirana naye malire ndiye adzayamba kufika tsiku la maliro.