Dzina la Asiyatu

Mukamayenda m'Kawale, ku Biwi kapena ku Chinsapo, nthaŵi zina mudzamva mayi akuitana mwana wake kuti, "Asiyatu!" Mcheŵa akamva dzinali amaganiza za kusiya, ndipo ena amayesa kuti mwanayo ndi wamasiye, kapena kuti bambo wake anathaŵa banja. Si choncho ai.

Dzinali gwero lake ndi Chiarabu, ndipo kumeneko amati Asiya. Asilamu amatchula motero mkazi wa Farao amene analera Mose, khanda lija lotoledwa mumtsinje wa Nile. M'Baibulo, pa Eksodo 2, wotola khandalo ndi mwana wamkazi wa Farao. Nako kachidutswa kakuti "tu" si ka Chicheŵa: ndi mathero a maina ambiri achikazi m'Chiarabu, omwenso amamveka ku Nigeria m'maina onga Aminatu ndi Aishatu.

Maina otere anafika kuno ndi amalonda Achiswahili a ku Kilwa ndi Zanzibar m'zaka za m'ma 1800, makamaka mafumu a Ayao, monga Makanjira, ataloŵa Chisilamu cha m'ma 1870. Lilongwe atasanduka likulu la Malaŵi mu 1975, mabanja ochokera ku Mangochi ndi Machinga amene anadzafuna ntchito anabwera nawo mumzindamo.

Tsono mtsikana amene anzake amamseka kusukulu kuti "wosiyidwa" asachite manyazi mpaka kulitaya dzinalo. Makolo ake anamutcha dzina la mayi amene analandira mwana wa eni, namulera ngati wake.