Dona Ana: Mlatho Womwe Wakhala Ukusewera ndi Nthawi ya Fodya Wathu

Nthano zimakamba za milatho yamatsenga, yoti munthu akaiwoloka amakapeza zaka zatha tsidya linalo, kapena amabwerera m'masiku a makolo ake. Mlatho wotero kulibe. Komabe mlimi wa fodya wa ku Santhe, Chamama kapena Chulu ali ndi mlatho weniweni womwe wakhala ukufupikitsa ndi kutalikitsa ulendo wa mabelo ake, ngakhale sanauonepo ndi maso. Uli pamtsinje wa Zambezi ku Mozambique, pakati pa Mutarara m'chigawo cha Tete ndi Sena m'chigawo cha Sofala. Dzina lake ndi Dona Ana.

Vuto lomwe linabala mlathowu ndi lakale: dziko lathu lilibe doko lapanyanja yamchere. Atsamunda anayamba ndi sitima zapamadzi pa Shire ndi Zambezi, koma madzi ankaphwa, sitima n'kumatitimira mumchenga. Njanji ya pakati pa Blantyre ndi Port Herald, komwe lero ndi Nsanje, inatsegulidwa mu 1908. Kenaka inatsetsereka mpaka ku Chindio, m'mphepete mwa Zambezi, ndipo mu 1922 ina yochokera ku Beira inafika ku Murraça, tsidya lina la mtsinjewo. Njanji ziwirizi zinkangoyang'anizana, pakati pali madzi.

Apa ndipo pankathera masiku. Katundu ankatsitsidwa m'mabogi, amuna n'kumusenza kupita naye m'mabwato okokedwa ndi sitima, ndipo akawoloka ankamukwezanso m'mabogi ena. M'chilimwe madzi ankachepa moti pokocheza pankasamukasamuka. M'dzinja mtsinje unkasefukira n'kumiza njanji. Fodya ndi tiyi zinkakhala padoko kudikira kuti Zambezi alole.

Ntchito yomanga mlatho inagwiridwa ndi kampani ya ku Britain ya Cleveland Bridge, ndipo sitima zinayamba kuwoloka mu Januwale 1935. Kutalika kwake ndi makilomita pafupifupi 3.7, ndipo panthawiyo unali m'gulu la milatho yanjanji yaitali kwambiri padziko lonse. Chaka chomwecho njanji inafika ku Salima, motero fodya wa m'chigawo chapakati anayandikira nyanja. Powoloka pomwe pankatha masiku panayamba kutha mphindi zowerengeka.

Koma walira mvula walira matope. Boma la Britain linavomera ntchitoyi mwa zina pofuna kupezera msika mafakitale ake azitsulo panthawi yomwe ulova unali utavuta kwawo, ndipo ngongole za njanji zinasenzetsedwa Nyasaland, komwe lero ndi Malawi. Ndalama zamsonkho zomwe zikanamanga sukulu ndi zipatala zinkapita ku chiwongoladzanja. Katswiri wa mbiri yakale Leroy Vail analemba mu 1975 kuti njanjizi zinathandiza kusaukitsa dziko lino, ndipo Landeg White anatulutsa buku lonse lokamba za mlathowu mu 1993. Wolima fodya kumudzi ankaulipira kudzera mumsonkho komanso mumtengo wokwera wonyamulira katundu.

Ufulu utabwera, zigwa za Kasungu zinasanduka mtima wa ulimi wa fodya. M'zaka za m'ma 1970 maesiteti a Press Farming ndi General Farming anafalikira, bungwe la Kasungu Flue-Cured Tobacco Authority linkaphunzitsa alimi kuwotcha fodya m'mabalani, ndipo matenanti ankabwera ndi mabanja awo kuchokera m'maboma akutali. Mu 1970 panatsegulidwa njira yachiwiri yopita ku doko la Nacala kudzera ku Nayuchi, ndipo mu 1979 njanji inafika ku Lilongwe. Pafupifupi katundu yense wolowa ndi wotuluka m'Malawi ankayenda panjanji ziwirizi, ya ku Beira ndi ya ku Nacala. Feteleza wothira m'minda ya ku Lisasadzi ndi mabelo ochokera m'zigafa zakomweko zinkapatukirana panjira imodzimodziyo.

Nkhondo ya pachiweniweni ku Mozambique inabweza zonsezi m'mbuyo. Pofika 1983 sitima zochokera ku Beira zinali zitasiya kufika kuno chifukwa asilikali a Renamo ankaononga njanji, ndipo ya Nacala inatsatira posakhalitsa. Mu 1986 asilikali a Renamowo anaphulitsa zigawo zina za Dona Ana, zitsulo n'kugwera m'madzi. Anthu a ku Sena ndi Mutarara anabwerera ku mabwato, ambiri anathawira ku Nsanje, ndipo othawa nkhondo m'Malawi anafika pafupifupi 1 miliyoni. Fodya anayamba kuyenda pamathiraki, kudutsa ku Tete pamdipiti woperekezedwa ndi asilikali a Zimbabwe, ulendo wa ku Durban, mtunda woposa makilomita 2,000. Wina ankalowera kumpoto ku Dar es Salaam. Kilomita iliyonse yowonjezera inkadya ndalama ya mlimi kawiri: pogula thumba la feteleza, ndiponso pamtengo womwe ogula ankatchula ku okushoni.

Mgwirizano wa mtendere unasainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992. Mu 1995 mlatho unakonzedwa ndi thandizo la dziko la America, koma osati kuti padutse sitima. Anayalapo matabwa kuti pazidutsa galimoto, mpata wake wokwana imodzi yokha, moti za mbali ina zinkaima pamzere kudikira kuti zinzake zithe kuwoloka. M'kanjira ka m'mbali munkayenda apanjinga ndi amayi osenza mitolo. Unatsekedwanso mu 2006 kuti ubwerere ku ntchito yake yakale, ndipo sitima zinayambanso kuwoloka mu 2009. Chomwe chinaudzutsa si fodya wa Amalawi ayi, koma malasha a ku Moatize.

Kwathu kuno chilonda chinali chitasamukira pena. Mu 1997 madzi osefukira anakokolola njanji ku Chiromo, n'kulekanitsa Bangula ndi Makhanga. Ntchito yokonza njanji ya pakati pa Marka ndi Bangula inayamba patatha zaka zoposa 20, ndipo mu Sepitembala 2024 sitima yonyamula mafuta kuchokera ku Beira inafika ku Marka, koyamba m'zaka 41.

Sitimayo inawoloka pa Dona Ana, koma sikanatha kupitirira mpaka ku Limbe kapena ku Kanengo. Belo lomwe lagulitsidwa pamsika wa Chinkhoma limakwerabe thiraki, ndipo fodya wambiri akakonzedwa m'mafakitale amakafika ku Beira pamsewu. Zimenezi zikutanthauza kuti mlimi wa ku Kasungu akulipirabe mtengo wa nkhondo yomwe inatha mu 1992 ndi wa madzi omwe anasefukira mu 1997. Tsiku lomwe njanji idzalumikizidwe pa Chiromo ndi pomwe ngongole ziwirizi zidzayambe kuchoka pabelo lake.