Chaka Chimene Makhoti Adatsekedwa

Ife ogwira ntchito m'boma kuno kwa Makanjira, malipiro akativuta timakonda kunena kuti, "Tikaonana kukhoti." Timaiwala kuti m'chaka cha 2012 ogwira ntchito kukhoti komweko adasowa kokadandaula.

Nkhaniyi idayamba m'chaka cha 2006 pomwe Nyumba ya Malamulo idavomereza malipiro atsopano a nthambi yoweruza milandu. Zaka zisanu zidatha, koma ndalama osaoneka. Mu January 2012, pansi pa ulamuliro wa Bingu wa Mutharika, makalaliki, amesenjala ndi otanthauzira adanyanyala ntchito m'dziko lonse. Pambuyo pake oweruza nawo adavula mikanjo.

Amene adalawa zowawa ndi anthu wamba. Malamulo aakulu a dziko lino amati munthu womangidwa akaonekere kukhoti pasanathe maola 48, koma zitolokosi zidangodzaza popanda wozenga milandu. Tangoganizirani mayi wa kuno amene mwana wake adali m'manja mwa apolisi ku Mangochi boma. Ulendo wake ndi wa makilomita pafupifupi 100, ndipo idali nyengo ya dzinja, msewu uli matope okhaokha. Kukafika n'kupeza khomo la khoti lili ndi loko!

Tsono lamulo limati chiyani wolemba ntchito akakana kulipira? Wantchito amakasuma kukhoti loona za apantchito, ndipo akapambana masherifu angathe kukalanda katundu wa kampani. Koma katundu wa boma salandidwa chotero. Ndodo yotsala ndi mlandu wonyoza khoti, womwe ungalipitse chindapusa kapena kumangitsa mkulu amene wanyozera chigamulo. Komatu ndodoyo imafuna dzanja. M'miyezi imene ija akadaigwira ndani, eni khoti ali panja kulirira zawo?

Sitalaka idatha chakumapeto kwa March boma litalonjeza kulipira, patangotsala masiku ochepa kuti Bingu amwalire pa 5 April. Bala silidapole, pakuti kumapeto kwa 2014 makhoti adatsekedwanso mpaka January 2015, nkhani yake ya malipiro yomweyo.

Mbiri imeneyi itikumbutse kuti chigamulo ndi pepala chabe kufikira wosunga thumba atachimvera. Paja akulu adati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwamphepo. Boma likazolowera kunyozera zomwe lavomereza lokha, mphunzitsi wa ku Lulanga akapambana mlandu wake adzamulipira ndani?