Za Omangidwa Osaweruzidwa

Pokumbukira zaka zimene Mulungu anatsogolera Mishoni yathu ino, sitingaleke kunenapo za ndende, pakuti njira ya Eklesia m'dziko muno inapita pakhomo pake. Inu akatekisiti mudziwa za Paulo ndi Sila ku Filipi, kuti anawakwapula nawaponya m'ndende mlandu wawo usanamveke, ndi kuti kutacha Paulo anakana kutuluka m'seri, nafuna kuti oweruza adze okha kudzawatulutsa. Nkhani yathu ili pomwepo: Boma likamanga munthu, adzalifunsa chifukwa ndani?

Angerezi anali nalo yankho kalekale. Lamulo lawo lotchedwa habeas corpus, limene analilimbitsa m'chaka cha 1679, lipatsa woweruza mphamvu yakulamula mdindo wa ndende kuti adze naye womangidwayo kubwalo, iye mwini ndi thupi lake, nafotokoze chimene amsungira. Chifukwacho chikaperewera, munthuyo amuka kwawo.

Koma lamulo ili linachedwa kutithandiza kuno. Pa 3 Marichi 1959 Bwanamkubwa Sir Robert Armitage analengeza kuti dziko la Nyasaland lili pangozi, ndipo anthu oposa 1,300 anatsekeredwa, ambiri a iwo osaonekera kubwalo: ena ku Kanjedza, Dr Banda ku Gwelo. Woweruza Patrick Devlin anadza kudzafufuza, nalemba poyera kuti kwa kanthawi dziko linasanduka lolamulidwa ndi apolisi. Komatu iye anadza monga wofunsa chabe, wopanda mfungulo yakutsegulira ngakhale mmodzi. Chaka chomwecho mnansi wathu Mwenya wa ku Northern Rhodesia, amene Boma linamletsa kutuluka m'dera la Mporokoso, anatumiza dandaulo lake ku London, ndipo bwalo la apilo linavomera kuti habeas corpus ikhoza kufika ngakhale m'dziko lotetezedwa monga lija.

Tikadakonda kulekera pamenepa. Koma titalandira ufulu m'chaka cha 1964, chingwe chomwe chija chinalowa m'manja mwa ana a dziko, ndipo chinathina koposa. Kalata imodzi ya Boma inakwanira kusunga munthu kwa zaka zosaikidwa malire. A Mboni za Yehova, amene chipembedzo chawo chinaletsedwa mu 1967, anaunjikidwa ku Dzaleka. Mlakatuli Jack Mapanje anakhala ku Mikuyu kuyambira 1987 kufikira 1991 osaimbidwa mlandu uliwonse. Ndipo ife, tivomere ndi manyazi, tinawapempherera mumtima pakamwa tili chete, ena mwa ife kuopa ngakhale kupereka moni kwa akazi awo ndi ana awo. Kukhala chete kumeneko kunasweka pa 8 Marichi 1992, pamene kalata ya Lenti ya mabishopu a Katolika inawerengedwa m'matchalitchi.

Malamulo aakulu a dziko a 1994, pa gawo 42, anakonza chimene chinasoweka. Wogwidwa auzidwe chifukwa m'chinenero chimene achimva. Aonekere kubwalo maola 48 asanathe, kapena pa tsiku loyamba limene bwalo likhala pambuyo pake. Akhoza kutsutsa kumangidwa kwake pamaso pa woweruza, ndipo kukapezeka kosata lamulo, amasulidwe. Chikhalirecho m'ndende zathu mukali anthu odikira mlandu nthawi yaitali, ambiri chifukwa chosadziwa kuti khomo limeneli lilipo. Potero, inu oyendera andende, mutatha pemphero mufunse mbaleyo tsiku limene anagwidwa, ndi ngati anaimapo pamaso pa woweruza. Mulembe masikuwo, mukawauze abale ake ndi akulu a mpingo.